Safunsa Anadya Phula: Jakisoni wa Chitetezo Chobwereka, Chibayo cha Makanda ndi Korona

Makalata ambiri a mwezi uno achokera m'boma la Mangochi, ndipo ngakhale alembedwa ndi manja osiyana, onse akuzungulira pa mankhwala amodzi, aja a mayina othera ndi "mab", amene kuchipatala timawatchula kuti monoclonal antibody. Tasankhapo asanu ndi awiri. Oyankha ndi gulu lathu la madokotala a ana, anamwino ndi a kufamase.

Bambo a kunyumba ali ku Joni. Akuti mdzukulu wa abwana awo, amene anabadwa masiku osakwana, amabayidwa jakisoni mwezi ndi mwezi kuti asadwale chibayo cha RSV. Kodi RSV n'chiyani, nanga ameneyu ndi katemera wanji woti kusikelo kwathu sitinamumvepo? — Mayi wa ana atatu, Namwera

Mayi, dzinali mwina ndi lachilendo, koma nkhope yake mumaidziwa. RSV ndi kachilombo koyambitsa chimfine chija chimene kwa munthu wamkulu chimathera pa mamina ndi kutsokomola, koma chikagwira khanda chimatsikira m'chifuwa n'kutseka tinjira ta mpweya. Pafupifupi mwana aliyense amakhala atakumana nako asanakwanitse zaka ziwiri, ndipo ambiri amachira okha. Komabe kuwerengera kwa chaka cha 2019 kunasonyeza kuti padziko lonse ana osakwana zaka zisanu oposa 3 miliyoni anagonekedwa m'chipatala chifukwa cha kachilomboka, ndipo pafupifupi 100,000 anamwalira. Ochuluka koposa anali a m'maiko osauka ngati lathu lino, ndipo pafupifupi theka lawo anali makanda osakwana miyezi isanu ndi umodzi.

Jakisoni amene bambo akunenayo si katemera, ndipo kusiyana kwake n'kofunika kukumvetsa. Katemera amaphunzitsa thupi. Amalionetsa kachidutswa ka mdani, thupilo n'kudzipangira lokha timapuloteni totchedwa ma-antibody, timene timakakamira kachilombo kuti kasalowe m'maselo. Kuphunziraku kumatenga milungu iwiri kapena kuposerapo, koma thupi limakumbukira kwa zaka. Jakisoni uyu saphunzitsa kanthu. Amangothira m'thupi mwa mwana ma-antibody opangidwa kale kufakitale. Ali ngati ukonde wobwereka: tsiku lomwelo mumapha nawo nsomba, koma si wanu, ndipo nthawi yobweza ikakwana mumatsala chimanjamanja.

Munthu akachira matenda, m'magazi mwake mumakhala ma-antibody amitundumitundu, ena amphamvu, ena a chabechabe. Asayansi amasankhapo mtundu umodzi wokha wogwira bwino, n'kuuchulukitsa kuti onse a m'botolo akhale ofanana ndendende. N'chimene mawu akuti monoclonal akutanthauza. Luso limeneli anatulukira ndi Georges Köhler ndi César Milstein ku Cambridge mu 1975, ndipo analandira nalo mphoto ya Nobel mu 1984. Pakhungu pa kachilombo ka RSV pali puloteni yotchedwa F imene kamaboolera selo. Mankhwalawa amakaimanga puloteni imeneyo, kachilombo n'kutsala panja.

Wa mwezi ndi mwezi uja ndi palivizumab, amene anavomerezedwa ku America mu 1998. Mphamvu yake imatsika ndi theka pamasiku pafupifupi 20, n'chifukwa chake amabwerezedwa, kufikira kasanu pa nyengo imodzi. Pambuyo pake panabwera nirsevimab, wovomerezedwa ku Ulaya mu 2022 ndi ku America mu 2023. Ameneyu anamukonza kumchira kuti thupi lisamuphwanye msanga, moti theka lake limatha patapita masiku pafupifupi 70, ndipo jakisoni mmodzi amateteza miyezi yosachepera isanu. Wachitatu, clesrovimab, anavomerezedwa ku America mu 2025.

Mungafunse kuti bwanji osangopanga katemera weniweni wa makanda. Anayesapo m'zaka za m'ma 1960 ku America, koma zinatembenuka: ana amene anabayidwa atakumana ndi kachilombo kenikeni anadwala kwambiri kuposa anzawo, ndipo awiri anamwalira. Mantha amenewo anagwira ntchitoyi miyendo kwa zaka makumi angapo.

Kusikelo simunamumve chifukwa sali pa ndondomeko ya katemera wa ana imene ili m'buku lakuchipatala. Chachikulu ndi mtengo. Nirsevimab atangotuluka, jakisoni mmodzi ku America anali pafupifupi madola 500.

Mwana wanga wa miyezi inayi akutsokomola, m'chifuwa mukulira ngati kamluzu, ndipo akangoyamwa pang'ono akusiya. Nditapeza jakisoni ameneyu, achira? — Bambo wa ku Makanjira

Ayi, bambo. Ndipo popeza kalata imayenda pang'onopang'ono kuposa matenda, tikukhulupirira kuti pofika lero mwanayo anaonedwa kale kuchipatala.

Mankhwalawa ndi otsekera pakhomo, si otulutsira mbala imene yalowa kale. Anayesapo kupereka palivizumab kwa ana ogonekedwa kale ndi RSV, ndipo sanafupikitse masiku a m'chipatala kapena a pa okosijeni. Chifukwa chake n'chomveka. Kachilombo kamakhala m'thupi masiku anayi mpaka asanu ndi limodzi zizindikiro zisanaoneke. Pofika nthawi imene kamluzu kakumveka, tinjira ta mpweya timakhala titatupa kale, titadzaza makhololo ndi zinyenyeswa za maselo akufa. Tinjira ta khanda n'tating'ono ngati ulusi, moti kutupa pang'ono kumatitseka. Chimene chikumubanikitsa mwana pamenepo ndi zotsalira za nkhondoyo, ndipo antibody sasesa zimenezo.

Chimene chingamupulumutse chili m'manja mwanu, ndipo choyamba ndi kuwerenga kapumidwe. Dikirani mwana akhale chete, asakulira kapena kuyamwa. Kwezani malaya kuti muone pamimba ndi nthiti. Tcherani foni mphindi imodzi yathunthu, osati theka n'kuchulukitsa, chifukwa makanda amapuma modukizadukiza. Mimba ikakwera n'kutsika, ndi kamodzi. Khanda losakwana miyezi iwiri likafika ka 60 kapena kuposa, ndiye kuti likupuma mofulumira. Kuyambira miyezi iwiri mpaka 11 malire ndi 50, ndipo kuyambira chaka chimodzi mpaka zinayi ndi 40. Mukakayikira, werenganinso.

Ndiye pali zizindikiro zosafuna kuwerenga kapena kudikira kuti kuche. Nthiti zam'munsi zikamakokeka m'kati pamene mwana akukoka mpweya, akamabuula pa mpweya uliwonse, milomo kapena lilime likada, akalephereratu kuyamwa kapena akamasanza chilichonse, akakomoka, akamangogona osadzutsika, nyamukani. Onjezanipo ziwiri zimene makolo ambiri saziwerengera: kuyamwa kosafika theka la masiku onse, ndi thewera louma kwa maola 12. Kwa khanda la milungu yochepa, makamaka lobadwa masiku osakwana, chizindikiro choyamba chimatha kukhala kuima kupuma kwa kanthawi, chifuwa chisanayambe n'komwe.

Dziwaninso kuti matendawa amafika pachimake pa tsiku lachitatu mpaka lachisanu. Mwana amene Lolemba anali ndi mamina chabe akhoza kubanika Lachinayi. Kwa inu a ku Makanjira, kumene ulendo wa kuboma ndi wautali, makamaka m'dzinja, kuwerengera masiku kumeneku n'kofunika. Musadikire tsiku loipitsitsa kuti muyambe kufunafuna galimoto.

Pakhomo, samalani mphuno. Khanda limapumira m'mphuno, ndiye ikatsekeka limayenera kusankha pakati pa bere ndi mpweya, n'chifukwa chake wanuyo akuyamwa n'kusiya. Donthezani madontho awiri a madzi amchere m'bowo lililonse asanayamwe, kenako pukutani ndi kansalu koyera kopota. Abwino ndi akuchipatala, koma mukhoza kusungunula theka la supuni ya tiyi ya mchere m'kapu ya 250 ml ya madzi owiritsa ozizira, n'kupanga atsopano tsiku lililonse. Mayi ayamwitse pang'onopang'ono koma pafupipafupi, mwana atamuimika pang'ono. Akatopa kuyamwa, afinyire mkaka m'kapu n'kumupatsa ndi supuni. Mutalikitseni ku utsi wa kukhitchini, wa fodya, ndi wa pamalo owambira nsomba. Uchi ayi kwa mwana wosakwana chaka. Masirapu a chifuwa a m'golosale ayi. Kumufukiza nthunzi pamwamba pa poto wa madzi owira kwapsereza ana ambiri popanda kutsegula chifuwa cha mmodzi yemwe, ndipo mphini pachifuwa zimangowonjezera bala.

Kuchipatala adzamupana pachala kapena kuphazi kamakina koyezera mpweya wa okosijeni m'magazi. Kakaonetsa pansi pa 90, mwana amafunika okosijeni, kawirikawiri lita imodzi kapena awiri pa mphindi kudzera m'timapaipi ta m'mphuno. Akalephera kuyamwa amamuika kachubu ka mkaka kudzera m'mphuno. Akabanikabe pali makina a CPAP okankha mpweya pang'ono kuti tinjira tisaphwe, ndipo amodzi mwa makina otere, otchedwa Pumani, anapangidwa mogwirizana ndi chipatala cha Queen Elizabeth ku Blantyre ndi Rice University. Ngati thupi latentha adzamuyezanso malungo, poti kunyanja kuno malungo sachoka pakhomo.

Mwina adzakupatsani amoxicillin, inu n'kudabwa kuti nanga si mwati ndi vayirasi. Zoonadi amoxicillin sapha RSV. Koma pongoyang'ana ndi kumvetsera, chibayo cha vayirasi ndi cha mabakiteriya zimafanana kwambiri, ndipo nthawi zina zimabwera pamodzi. Cha mabakiteriya chimapha msanga, ndiye malamulo a zachipatala amati mwana wopuma mofulumira alandire. Malizitsani masiku onse amene akuuzani. Kutsokomola kokha kukhoza kupitirira milungu itatu mwana atachira, ndipo kumeneko sikufuna botolo lachiwiri.

Ndili ku Johannesburg. Ndikufuna kugulira mwana wa mchemwali wanga jakisoniyu n'kumutumiza pa basi mu cooler box. Anabadwa miyezi isanu ndi iwiri. N'zotheka? — Malume, ochokera ku Katuli

Amalume, mtima wanu ndi wabwino, koma ndalamayo ikathera m'njira. Antibody ndi puloteni, ngati choyera cha dzira. Akatenthedwa amasintha maumbidwe ndipo sabwereranso. Mankhwalawa amayenera kukhala pakati pa madigiri 2 ndi 8 kuchokera kufakitale mpaka pantchafu ya mwana. Nirsevimab akatuluka mufuliji amaloledwa maola 8 okha pamalo osapitirira madigiri 25, akapitirira amatayidwa. Basi yodutsa pa Beitbridge, Tete ndi Mwanza imatenga masiku awiri kapena atatu, kenako katunduyo adzakumane ndi dzuwa la ku Mangochi.

Ambiri amaganiza kuti kuchulukitsa ayezi ndiye mankhwala ake. Pamenepo mpamene amawonongera. Botolo likagunda ayezi limaundana, timapuloteni timamatana tizibuluma, ndipo likasungunuka mphamvu yapita. Kugwedezeka kwa pamsewu nakonso sikuwakomera, n'chifukwa chake papaketi amalemba kuti osakhutchumula. Choipa kwambiri n'chakuti botolo lowonongeka limatha kuoneka loyera bwinobwino. Mwana n'kubayidwa madzi, banja n'kumagona tulo poganiza kuti watetezeka. Amene amanyamula katemera amaika kachipangizo kolemba kutentha kwa ulendo wonse, ndipo mapaketi a ayezi amayamba awasungunula pang'ono asanawaike m'bokosi.

Palinso lamulo. Awa ndi mankhwala olembedwa ndi dokotala, ndipo kuwalowetsa m'dziko muno kumadzera ku bungwe la Pharmacy and Medicines Regulatory Authority. Munthu wokutsatsani pa WhatsApp popanda kalata ya dokotala, m'kayikireni, chifukwa mankhwala odula ndi amene akuba amakonda kupanga achinyengo. Ndipo ngati mukunena palivizumab, si botolo limodzi. Mlingo wake ndi 15 mg pa kilogalamu iliyonse, mwezi uliwonse. Mwana wa makilogalamu atatu amafuna 45 mg, mwezi wotsatira akanenepa mlingo ukwera, ndipo mukadumphitsa mwezi chitetezo chimagwa.

Ngati dokotala wa ana amene akumuona waona kuti mwanayo ali m'gulu lofunikiradi, monga obadwa milungu 29 isanakwane, a mapapo owonongeka kapena obadwa ndi vuto la mtima, kuitanitsako kudzere ku famase yovomerezeka. Kupanda apo, fodya wako ndi amene ali pamphuno. Ndalamayo isungidwe kuti ikhale ya kabaza kapena galimoto usiku umene mwana adzabanike. Ina igule sopo, ndi chakudya cha mayi woyamwitsa. Mchemwali wanu apitirize kangaroo, kuja kofungatira mwana pachifuwa khungu ndi khungu, ndipo obwera kudzaona mwana ali ndi chimfine aonere patali. Kachilomboka kamakhala maola angapo pazinthu zolimba ngati chitseko ndi foni, ndipo kawirikawiri kamabwera ndi achimwene ake ochokera kusukulu.

Ndikuphunzira unamwino. Tsiku limene nirsevimab adzafike pamalo athu, amabayidwa bwanji, ndipo tizidzasamala chiyani? — Wophunzira, Mangochi boma

Yambani ndi sikelo, tsiku lomwelo, mwana atavula. Wosakwana makilogalamu asanu amalandira 50 mg, wa makilogalamu asanu kapena kuposa amalandira 100 mg. Mankhwala amabwera ali kale m'sirinji: ya 50 mg ndi 0.5 ml ndipo chokankhira chake n'chapepo, ya 100 mg ndi 1 ml ndipo chokankhira chake n'chabuluu wowala. Cholakwika chofala n'kudalira kulemera kumene kunalembedwa mwezi watha. Khanda la makilogalamu 4.6 mwezi watha lero lili kutsidya kwa malire, ndipo mukalipatsa 50 mg chitetezo chikhoza kutha nyengo isanathe. Ana a matenda aakulu amene akulowa nyengo yawo yachiwiri amalandira 200 mg, majakisoni awiri a 100 mg pamalo awiri. Clesrovimab anachotsa vuto la sikeloli, chifukwa khanda lililonse limalandira 105 mg.

Yang'anani sirinji pa kuwala. Madzi ake azikhala oyera kapena achikasu pang'ono. Mukaona matuwituwi, tizibuluma, kapena ngati inagwa pansi, itayeni. Bayani m'mnofu, kutsogolo chakunja kwa ntchafu, pakatikati, singano itaima chilili. Pathako ayi, chifukwa pamadutsa mtsempha waukulu wa mwendo ndipo mnofu wa khanda pamenepo ndi wochepa. Akhoza kuperekedwa tsiku limodzi ndi katemera wa Penta, wa PCV ndi ena onse a kusikelo, koma sirinji yakeyake, malo akeake, motalikirana masentimita awiri ndi theka ngati ndi ntchafu imodzi. Sasokoneza katemera aliyense, poti amangodziwa RSV basi.

Zovuta zake n'zochepa. Totupa pakhungu, kutentha thupi ndi kufiira pobayidwa zimaoneka mwa ana osakwana mmodzi pa 100. Choopsa, ngakhale n'chosowa, ndi thupi kuwakana mwadzidzidzi: ziwengo thupi lonse, nkhope kutupa, kubanika, kulobodoka. Choncho musabaye ngati adrenaline, jakisoni wopulumutsira pa vuto limeneli, sali pafupi. Mlingo wa adrenaline ndi 0.01 mg pa kilogalamu, m'mnofu wa ntchafu. Mwana wa vuto lotaya magazi, panikizani pobayapo kwa mphindi zingapo. Amene akudwala kwambiri tsikulo adikire achire, koma chimfine chabe si chifukwa chomubwezera.

Funso lovuta kwa ife ndi la nthawi. Ku Ulaya RSV imabwera ndi chisanu, ndiye amabaya kutsogolo kwake. M'maiko otentha kawirikawiri imachuluka nyengo ya mvula, ndipo malire ake sakhala akuthwa chomwecho. N'chifukwa chake bungwe la zaumoyo padziko lonse la WHO limalola kuti jakisoniyu aperekedwe mwana atangobadwa kapena pa ulendo woyamba wa kusikelo.

Makolo muziwauza zoona. M'kafukufuku wamkulu wotchedwa MELODY, matenda a m'chifuwa a RSV ofuna chipatala anatsika ndi pafupifupi 75 pa 100, ndipo mu wina wotchedwa HARMONIE kugonekedwa kunatsika ndi pafupifupi 83 pa 100. Ndi zambiri, koma si zonse. Mwana wobayidwa akhoza kudwalabe chimfine cha tizilombo tina, ndipo akabanika abwere naye.

Ndamva kuti mankhwalawa amachokera m'magazi a nyama. Ife sitidya chilichonse. Ndi nyama yanji? — M'bale wa ku Mpondasi

Achimwene, amene amachokera m'magazi a nyama ndi mankhwala a ululu wa njoka, amene kawirikawiri amatengedwa m'magazi a mahatchi. Awa ndi ena. Satengedwa m'magazi a nyama kapena a munthu. Malangizo opangira antibody amaikidwa m'maselo amene amaweteredwa m'mathanki achitsulo. Maselo a nirsevimab gwero lawo ndi kanyama konga mbewa kotchedwa hamster, ndipo anatengedwa kamodzi kokha m'zaka za m'ma 1950. Kuyambira pamenepo amangoberekana okha m'thanki. Madzi a m'thankimo amasefedwa kambirimbiri mpaka kutsala antibody yekha, maselo onse atachotsedwa. M'sirinji amawonjezeramo madzi, shuga wa sucrose, histidine, arginine ndi polysorbate 80 kuti puloteniyo isamatane. Gelatin palibe pamndandandawu. Mwamva mmene amapangidwira, ndipo chigamulo cha chipembedzo tikusiyira a shehe anu.

Ndili ndi zaka 68, ndimadwala shuga ndi BP. Nthawi ya korona tinamva kuti mtsogoleri wa ku America anachira ndi diripi ya ma-antibody. Nditadwala korona lero ndingaipemphe? — Mphunzitsi wopuma, Monkey Bay

Munamva zoona, aphunzitsi. Mu Okutobala 2020 Donald Trump analandira casirivimab ndi imdevimab, ma-antibody awiri a kampani ya Regeneron, pamodzi ndi mankhwala ena. Mosiyana ndi a RSV, amenewa ankaperekedwa kwa munthu wodwala kale, koma m'masiku oyambirira, asanafike pofuna okosijeni. Wina wotchedwa sotrovimab, amene gwero lake linali magazi a munthu wochira SARS ya 2003, matenda apachibale ndi korona, ankaperekedwa 500 mg pa diripi ya mphindi 30, wodwala n'kuyang'aniridwa ola limodzi. Panthawi yawo ankathandizadi anthu a msinkhu wanu ndi matenda anu.

Kenako mu Novembala 2021 asayansi a ku Botswana ndi South Africa anazindikira mtundu watsopano wa korona wotchedwa Omicron, umene unali ndi masinthidwe oposa 30 pa puloteni imene ma-antibody ankagwira. Apa mpamene ubwino wa monoclonal unasanduka chilema chake. Mbedza yopangidwira kamwa la nsomba imodzi imagwira mwamphamvu, koma kamwalo likasintha imangopulumuka. Thupi la munthu wobayidwa katemera limapanga mbedza zamitundumitundu, moti zina zikaphonya zina zimakola. Mu Seputembala 2022 WHO inalangiza kuti sotrovimab ndi awiri a Regeneron aja asagwiritsidwenso ntchito, ndipo wina wotchedwa Evusheld, amene ankateteza anthu a chitetezo chofooka, anaimitsidwa ku America mu Januwale 2023. Choncho wina akakutsatsani botolo la mayina amenewa lero, akukugulitsani mbedza ya nsomba imene inasamuka.

RSV sisintha msanga chotero, ngakhale nayonso inagwetsapo mankhwala ena otchedwa suptavumab mu 2017, pamene mtundu B wa kachilomboka unasintha pamalo penipeni pamene ankagwira.

Pali "mab" mmodzi amene sanagwe ndi Omicron, tocilizumab, chifukwa salimbana ndi kachilombo. Amaziziritsa chitetezo cha m'thupi chikapsa mtima n'kuyamba kuwononga mapapo. Ndi wa odwala kwambiri amene ali pa okosijeni, mlingo wake 8 mg pa kilogalamu osapitirira 800 mg, pamodzi ndi dexamethasone. Amatha kudzutsa TB yogona ndi matenda ena obisala, ndiye si wopempha. Dexamethasone yemweyo, 6 mg patsiku mpaka masiku 10, ndi wa amene akufuna okosijeni okha. Kumumwa kunyumba chimfine chitangoyamba kumakweza shuga n'kufooketsa thupi pachabe.

Kwa inu chofunika ndi kuyezetsa msanga. Mapiritsi a nirmatrelvir ndi ritonavir amagwira akayambidwa m'masiku asanu oyambirira, koma amadana ndi mankhwala ambiri, kuphatikizapo rifampicin wa TB ndi ena a mafuta m'magazi, ndiye tengani mapaketi onse amene mumamwa dokotala awaone. Yezani shuga pafupipafupi mukadwala, chifukwa matenda alionse amamukweza. Za chimfine cha fuluwenza chimene ena amachinamizira mwera, chilibe monoclonal antibody wovomerezeka. Chake ndi oseltamivir, m'maola 48 oyamba.

Ndili ndi pathupi pa miyezi isanu ndi umodzi ndipo ndimamwa ma ARV. Akuti pali katemera wa RSV wa amayi oyembekezera. Chabwino n'chiti, ameneyo kapena jakisoni wa mwana? — Mayi woyembekezera, Malindi

Mayi, zonse ziwiri zimafika pamalo amodzi podzera njira zosiyana. Katemerayo, wotchedwa Abrysvo, amabayidwa mayi kamodzi. Thupi lanu limapanga ma-antibody, n'kuwawolotsa kudzera pa nsengwa, mwana n'kubadwa ali nawo kale. Nachonso ndi chitetezo chobwereka, kungoti wobwereketsa ndinu. M'kafukufuku amene South Africa ndi Gambia analowa nawo, matenda aakulu a RSV anatsika ndi pafupifupi 82 pa 100 m'miyezi itatu yoyamba ya mwana, ndi pafupifupi 69 pa 100 pofika miyezi isanu ndi umodzi. WHO imalangiza kuti aperekedwe kuyambira mlungu wa 28 wa pathupi, ndipo mu 2025 bungwe la Gavi, limene limathandiza Malawi kugula katemera, linavomereza kuyamba kuthandiza maiko pa katemera ameneyu. Funsani kusikelo ya amayi ulendo uliwonse ngati wafika.

Ana ambiri safuna zonse ziwiri. Jakisoni wa mwana amapambana pamene kuwolokako sikunakwane. Ma-antibody ambiri amawoloka m'milungu yomaliza, ndiye wobadwa masiku osakwana amatenga ochepa. Wobadwa masiku 14 asanathe chibayidwire mayi amawerengedwa ngati sanatetezedwe. Kachilombo ka HIV kosagonjetsedwa ndi malungo okhala pa nsengwa nazonso zimachepetsa kuwolokako, ndipo ana obadwa kwa amayi a HIV, ngakhale iwo alibe, amadwala RSV mwamphamvu kuposa anzawo.

Choncho mbali yaikulu ili kale m'manja mwanu. Musadumphitse ma ARV, ndipo kayezetseni kuchuluka kwa tizilombo pa tsiku limene anakulemberani. Gonani m'neti usiku uliwonse. Za mapiritsi oteteza malungo, tsatani zimene akuuzani kuchipatala, chifukwa mayi amene akumwa Bactrim tsiku ndi tsiku samwanso Fansidar. Mwana akabadwa, bere ola loyamba, ndipo bere lokha miyezi isanu ndi umodzi. Mukadzabayidwa katemerayo, onetsetsani kuti tsiku lalembedwa m'buku lanu, kuti pa tsiku lochira anamwino adzawerenge ngati masiku 14 aja anakwana.